Mchombo wa Ancha

Belmira ankataya madzi achitatu a kalongonda kuseri kwa nyumba pamene chitsulo chinalira. Madziwo anali akuda bii, ndipo anawakhuthulira kutali ndi nkhuku. Kumsana kwake Ancha, khanda la milungu isanu ndi iwiri, anadzidzimuka n'kugonanso. Chitsulocho chinali chidutswa cha njanji chopachikidwa pa mtengo wa kaju pakati pa mudzi wa Namathupa, ndipo wochimenya madzulo alionse anali aphunzitsi a Anastácio, katatu, mosafulumira. Kulira kwachitatu kusanathe, fungo lija linafika, fungo la phula wonyowa ndi mvula. Msewu wa phula wapafupi unali ulendo wa tsiku lathunthu pa njinga, ndipo mvula inali isanagwe mwezi wachisanu tsopano.

Mudzi wonse unayamba kuyasamula. Amuna amene ankamwa mowa wa otheka kwa a Rufina, amayi ake a Belmira, anasiya zikho zisanathe, chinthu chimene kale sichikanachitika ngakhale nyumba ikupsa. Celestino, mwamuna wa Belmira, analowa akutikita maso n'kudya kalongonda ali chiimire. Anayamba kumuseka mkazi wake kuti anzake onse aonako magetsi, iye yekha ndiye watsala wakumudzi.

"Pitani, a m'tauni," anatero Belmira. "Mukandigulireko sopo."

"Kulibe sitolo kumeneko."

"Nanga ndi mzinda wanji?"

Celestino anali atagona kale, dzanja lili m'mbale.

Mzindawo anthu ankautcha Kwatonse. Unayamba chaka chapitacho, aphunzitsi atabwerako ku Quelimane kumene anakalambira akuphunzitsa ana a eni ake. Atapachika chitsulo chija, anthu anayamba kulota malo amodzi, usiku umodzi, mudzi wonse. Kunali misewu ya phula, nyumba zosanjikizana, ndi nyali zapamitengo yachitsulo zosatulutsa utsi. Kumeneko munthu sankayankhula, chifukwa panalibe chofunsira. Chimene ukudziwa iwe mnzako ankachidziwa, chimene chikumupweteka iye chinkakupweteka iwe.

Aphunzitsi anali nako kafotokozedwe kake. Ankati taonani mtsinje wa Mulela m'chilimwe, pamene banja lililonse limafukula dzenje lake mumchenga n'kumati ichi ndi chitsime chathu, icho ndi cha auje. Koma pansi pa mchenga madzi ndi amodzi. Mutu wa munthu, ankatero, ndi dzenje chabe. Masana timanamizana kuti aliyense ali ndi maganizo akeake, koma tulo timatitsitsira pansi pamene tonse tili munthu mmodzi. Ndipo ankati dzenje likakwiririka madzi safa, n'chifukwa chake ku Kwatonse akufa ankaoneka akuyenda m'misewu. A Rufina ankakumana ndi amuna awo amene anaphedwa nthawi ya nkhondo. Munthu ukamuonetsa zotere, ungamuuzenso chiyani?

Kwathu maloto sanenedwa utasukusula, amapita ndi madzi. Choncho m'mawa uliwonse anthu ankathamangira pansi pa mtengo wa kaju ali ndi mantongo m'maso, kukanena zimene abwera nazo zisanasungunuke ndi dzuwa. Aliyense ankatulutsa za mnzake ngati zake. Poyamba kunali kuseka kokhakokha. Kunadziwika amene anadya bakha wa a katekisita, kunadziwika nkhalamba imene imaopa achule, kunadziwikanso chifukwa chake mwamuna wa uje amachedwa akapita kukaona misampha. Aphunzitsi ankakhala pa mpando wawo atatsinzina, akugwedeza mutu, nthawi zina n'kuponyapo kafunso. Iwo anthu sankakumana nawo mumzindamo. Ankati malo awo ndi pamwamba pa nyumba yaitali koposa, poyang'anira chipata, ndipo zenera la pamwambapo linkayakadi.

Belmira anali asanalowemo. Ali ndi pakati tulo tinkamuvuta, ndipo atachira Ancha sankamulola. Msewu wa ku Kwatonse unali wautali, wofuna tulo tosadukiza. Iye ankangoyenda pang'ono pa fumbi lofiira, kuona kuwala patsogolo, mwana n'kulira kufuna bere. Onse oyamwitsa ankatero. Ankalowa mwana akayamba kugona nthawi yaitali, pa miyezi iwiri kapena itatu.

Ndipo kwathu mchombo wa mwana ukagwa, mayi amakaukwirira yekha mbandakucha. Sauza mwamuna, sauza amake, sauza ansembe. Amene wagwira mchombo wagwira mwana. Belmira anakwirira wa Ancha ataukulunga m'kansalu, pansi pa mwala umene mtsuko wamadzi umakhalapo.

Khanda loyamba m'mudzimo linafa nthawi yosenda chinangwa cha makaka. Silinadwale, linangosiya kuyamwa n'kumayang'ana kudenga, tsiku lachiwiri n'kuzizira. Pansi pa nkhokwe ya kwawo panapezeka kadzenje kongolowa dzanja. Anthu anati ndi agalu. Lachiwiri linafa chimodzimodzi, kadzenje kake pa chulu. Maliro onse awiri anthu analira mopepuka, chifukwa usiku womwewo anawo ankaoneka ku Kwatonse akukwawa pa phula, ngakhale anafa asanadziwe kukhala pansi. Ndipo aliyense ankasimba mokondwa kuti mumsewu waukulu mwawonjezeka nyali yatsopano.

Belmira sukulu anasiyira kalasi yachitatu, koma maso sanasiyire kumeneko. Ankapita pansi pa mtengo paja mwana ali kumsana, n'kumamvetsera. Anaona kuti khanda lililonse linkafa patapita masiku awiri mayi wake atalowa koyamba. Anaonanso kuti m'mawa wotero aphunzitsi ankafunsa mwachifundo kuti nanga mlendo wathu watsopano watibweretsera zotani, ndipo pakamwa pa wina pankatuluka zonse, ngakhale zosayenera kutuluka. Anthu ankaiwala dzuwa likakwera. Kodi onse ankaiwala?

Ancha anayamba kugona bwino. Usiku wina Belmira anamva phula pansi pa mapazi ake. Usiku wotsatira anaona chipata. Kuyambira pamenepo anayala miyala pansi pa mphasa yake, n'kumamwa madzi zikho zitatu asanagone kuti chikhodzodzo chizimudzutsa. Masiku ena ankagona chokhala atatsamira mtondo. Tulo take ankatibera masana m'munda wa chinangwa, pamene mzinda unali wotseka. Maso analowa m'kati, mkaka unayamba kuchepa. A Rufina anamuuza kuti akuchititsa manyazi, ngati mwana wokana kusamba.

"Bambo ako amakufunsa," anatero.

"Muwauze abwere kuno. Njira akuidziwa."

Kenako analowa Laurinda, mnzake wa nyumba yoyandikana, amene mwana wake wamwamuna anabadwa mwezi umodzi Ancha asanabadwe. M'mawa mwake Laurinda ankawala nkhope. Anamugwira Belmira manja onse awiri n'kumuuza kuti kumeneko mtima umapepuka ngati watula mtolo wa nkhuni, chifukwa palibe chimene umasenza wekha. Pansi pa mtengo aphunzitsi anafunsa funso lawo lija.

Usiku umenewo Belmira anakhala pa miyala yake akuyamwitsa. Chimene chinkamuopsa nthawi zonse sichinali mdima, koma kupuma. Nyumba zonse za m'mudzi zinkapuma pamodzi, kukoka mpweya pamodzi, kutulutsa pamodzi, mpaka udzu wa padenga unkachita ngati ukutsatira. M'kati mwa kupumako anamva phokoso lina laling'ono, lachitsulo chokhula dothi. Anaika diso pa mng'alu wa chitseko. Mwezi unali pakati. Pansi pa nthochi ya Laurinda panagwada munthu wa malaya oyera, akufukula ndi kakhasu. Anatola kanthu, anakauzira fumbi, anakaika m'bokosi la machesi. Atadzuka anagwira msana monga amachitira aphunzitsi akamachoka pa mpando wawo, ndipo anatembenuka mwezi n'kuwamenya kumaso.

Belmira anamugwedeza Celestino, anamutsina, anamuthira madzi. Celestino anangopitiriza kupuma ndi mudzi.

Kusanache anagogoda kwa Laurinda n'kumuuza. Laurinda anafukula pansi pa nthochi ndi zala mpaka zikhadabo zinathyoka, osapeza kanthu. Mwana anakana bere tsiku lomwelo. Anathamanga naye ku chipatala pa njinga, ndipo anabwerera naye atafunditsidwa kumutu.

Anthu atabwerako kumanda nkhani inali itafika kale kwa aliyense kuti mwana wa a Rufina akuloza chala aphunzitsi. Koma chimene Laurinda anapita nacho ku Kwatonse chinali chongomva, osati choona, ndipo chongomva ndi chongomva ngakhale pansi pa mchenga. M'mawa wotsatira aphunzitsi anayankhula mofatsa, ngati akulangiza mwana wolephera masamu. Anati taganizani bwino, abale anga. Wofukulayo akanakhala mmodzi wa ife olowa mumzinda, bwenzi tonse tikumudziwa, pakuti madzi ndi amodzi. Ndiye kuti ndi munthu amene salowa. Ndani m'mudzi muno amene amakhala maso ife tonse tili mtulo? Ndani amayala miyala pa mphasa kuti tisaone za m'mutu mwake?

Mitu yonse inatembenukira kwa Belmira nthawi imodzi, ngati mapira akawombedwa ndi mphepo. Celestino anayang'ana zala za kumapazi. Wina anati achoke m'mudzi muno, wina anati ayi, amulande mwanayo kaye. Wina kumbuyo anakuwa kuti ngati alibe mlandu agone basi, timuone.

Mawu amenewo anayenda m'khamulo, ndipo Belmira anaona chimene ena sanachione: chikope cha aphunzitsi chinaphethira. Anakweza dzanja n'kunena kuti ayi, tisamukakamize, mayi woyamwitsa ndi wofooka, ulendo ungamupweteke, kuli bwino angopita kwa abale ake kuseri kwa phiri.

Belmira anamangitsa nsalu yoberekera mwana. Ankadziwa mtengo umene alipire. Akalowa, mwala wa pansi pa mtsuko ukhala wa mudzi wonse. Koma chimene diso lake linaona pa mng'alu paja chikhalanso cha mudzi wonse, osati ngati mawu a mtsikana wosiyira kalasi yachitatu, koma ngati choona aliyense ndi maso ake.

"Mwandimvera chisoni mochedwa, aphunzitsi," anatero. "Lero ndigona."

"Mwana wanga, sukudziwa chimene ukunena."

"Ndine mbuli, inde. Si mwati madzi ndi amodzi? Mawa ndidzuka ndi nzeru zanu."

Ena anaseka. Aphunzitsi sanaseke.

Madzulo ake anthu anasonkhana pa mtengo wa kaju kudikira chitsulo, koma aphunzitsi anati dzanja lawo latupa, lero mzinda upume. Anthu anang'ung'udza. Aphunzitsi anabisa nyundo kumbuyo, n'kumabwerera pang'onopang'ono cha ku njira ya kumtsinje. Amene anawalanda anali Laurinda, akadali ndi kansalu ka maliro kumutu, mawere akudontha mkaka pa bulauzi. Anawapotoza dzanja lotupalo, ndipo silinaoneke lotupa.

"Achemwali Laurinda, si ntchito ya akazi imeneyo," wina anatero.

"Kukwirira mwana ndiye ya akazi?"

Anamenya katatu. Aphunzitsi anatseka makutu ndi manja n'kuthamanga, nkhalamba imene anthu ankaidziwa ndi ndodo. Fungo la phula linatsika. Anthu anabalalika akuyasamula, ndipo Belmira anachotsa miyala pansi pa mphasa, anatseka chitseko ndi munsi, anamangirira Ancha pachifuwa pake n'kugona chagada ngati munthu wakufa.

Fumbi lofiira, kenako phula, kenako chipata. Analowa.

Laurinda sananame, kunali kokoma. Kutopa kwa milungu yonse ija kunagawika pa misana mazana awiri n'kutha. Anadziwa kuti Celestino amamukonda ndipo amamuopa. Anadziwa mmene bondo la a katekisita limapwetekera. Anaona bambo ake ataima pansi pa nyali, koma atawafunafuna m'kati mwake sanapezemo kanthu, munali mbee ngati chikho chotsuka. Pamenepo anatsegula chimene anabwera nacho. Mzinda wonse unaima. Anthu mazana awiri anaika diso pa mng'alu umodzi, anamva kukhula kwa kakhasu, anaona mwezi ukumenya nkhope ija.

Onse anayang'ana nyumba yaitali. Zenera linkayaka, koma m'katimo munalibe munthu, ndipo sanakhalemo munthu chiyambire. Amene wamenya chitsulo salowa. Amakhala kunja, maso ali gwa, kudikira m'mawa kuti amve.

Koma usiku uno anamenya wina.

Pachipata panaima aphunzitsi a Anastácio, akuyang'ana uku ndi uku ngati mlendo wotsika basi yolakwika. Anayesa kubwerera, phula linawagwira mapazi. Ndiyeno madzi awo anasakanikirana ndi a onse. Anthu anadziwa za kwa sing'anga wa kunyanja kumene chitsulo chinachokera. Anadziwa kuti nyali za mumzinda zimayaka ndi ana, mwana mmodzi nyali imodzi, ndipo zakale zija zinali za ana a ku Quelimane. Anadziwa mawu onenera pa bokosi la machesi. Choipa koposa, anamva kukoma kwake, kamtima kaja kamene kamadumpha kakhasu kakagunda kansalu. Aliyense anakumva ngati kwake. A Rufina anakumva. Celestino anakumva. Belmira yemwe anakumva, ndipo nthawi yomweyo anamva mitu mazana awiri ikuganiza za mwala wa pansi pa mtsuko.

Mumsewu waukulu makanda atatu anali atayamba kukwawira kuchipata. Kumbuyo kwawo kunkabwera ena ambiri amene mudzi sunkawadziwa. Nyali zinayamba kuzima imodziimodzi.

Ancha analira, ndipo Belmira anadzuka kunja kukuyera.

Anthu anawapeza aphunzitsi pa njira ya kumtsinje, atagona chammbali, maso ali tong'o, thupi litazizira. Pambali pawo panakhala Laurinda, nyundo ili pamiyendo. Pathupi pawo panalibe bala looneka. Laurinda yekha ndiye sanalowe mumzinda usiku umenewo, choncho chimene anachita kuyambira madzulo mpaka m'mawa palibe akuchidziwa, ndipo palibe anamufunsa. M'thumba la malaya oyera munali bokosi la machesi. Amayi atatu anagawana za m'katimo osayang'anana.

Tsiku limenelo palibe ananena maloto. Anthu anathamangira kumitsuko kukasukusula, ena mpaka kudzikhula ndi mchenga, kuti mawu aja achoke m'mutu. Anyamata anadula waya wa chitsulo kuti akachiponye padziwe lakuya la ku Mulela. Kenako, osapangana, onse anapezeka ataima pabwalo la Belmira. Mwina anabwera kudzapepesa. Koma Belmira, ataima pakhomo, anaona kumene maso awo ankathawira: kudutsa phewa lake, kulowa m'nyumba, pakona ya mtsuko.

A katekisita anakonza kukhosi n'kunena kuti asadandaule, dzuwa likakwera aliyense aiwala. Celestino anati iye azigona pamwalapo. A Rufina anati akaukwirire pena, mbandakucha, monga mwa mwambo.

"Mudzi uno uli ndi mbandakucha?" anafunsa Belmira. "Usiku wapitawu nonse munali aphunzitsi. Ndi ine ndemwe. Ndinakumvani mukukondwa."

Belmira analowa m'nyumba, anasuntha mtsuko, anagubuduza mwala, n'kutuluka ndi kansalu m'dzanja limodzi, chikho chamadzi m'dzanja linalo. Anamasula kansaluko pamaso pa onse. Mchombowo unali wouma, wakuda, waung'ono ngati nyemba ya kalongonda. Anauika pa lilime, anamwera madzi, n'kutsegula pakamwa kuti aone.

Mayi wina anagwira pakamwa n'kunong'ona kuti zimenezo ndiye za ufiti zenizeni, kudya nyama ya munthu.

"Unachokera muno," anatero Belmira, akumenya pamimba pake ndi chikhatho. "Wabwerera kwawo. Amene sanaiwale abwere ndi kakhasu kake, andipeza ndili maso."

Anakhala pakhonde, anatembenuzira Ancha kutsogolo n'kumupatsa bere. Mwana anayamwa mwaphuma, akukankha ndi kaphazi. Anthu anaima pang'ono, kenako anayamba kuchoka mmodzimmodzi, aliyense njira yake.